Kholingo ndi njira ya mpweya kapena ya nsima?

Mbewe wa ku Mponela
Abale anga, ndithandizeni. Loweruka lapitali kunali chinkhoswe cha mlongo wanga, ndipo ntchito yozinga mbuzi inagwera ine ndi asuweni anga awiri. Titasenda, tikuchotsa zam'kati, ndinasolola chinthu choyera chija chokhala ndi timphetemphete, cholimba ukachigwira. Ndinapatsa mwana kuti, "Tenga mmerowu ukawapatse azakhali." Posakhalitsa azakhali anabwera okha, chinthucho chili m'manja. Akuti, "Iwe, uwu si mmero. Ili ndi kholingo. Mmero ndi uwu." Anachitembenuza n'kundionetsa china chofewa, chofiirira, chimene chinamatirira kumbuyo kwake. Ine zaka 41 zonsezi ndimayesa kuti ndi chinthu chimodzi cha mayina awiri.

Madzulo ake ndinafunsa mwana wa achimwene amene akuphunzira za zilankhulo ku Zomba. Iye akuti kwa iwo kholingo ndi kumtunda kokha, pamene pamapangidwira liwu. Ndiye zakhala zitatu. Inu kwanu mumati chiyani?

Nasibeko
Mwandikumbutsa agogo anga a ku Dedza, Mulungu awasunge. Akazinga nkhuku ankatiitana tonse adzukulu. Nkhuku yososoledwa kale, yopanda mutu, iwo n'kuifinya pachifuwa ndi zala, imvekere kwiyo! Ife kuthawa, ena kulira. Iwo n'kumati, "Musaope, ndi kholingo likulankhula." Akatero ankasolola kholingolo n'kutipatsa kuti tiziuzira ngati kherere. Chithokomiro ankataya, nthutumba inali ya agogo aamuna. Moti ine chikhalire ndimadziwa kuti kholingo ndi la mawu.

Malume a ku Ntcheu
Ayi, pamenepo ndakana. Kholingo ndi modutsa chakudya. Agogo anga, mayi awo a bambo, mwana akamadya mosusuka, kumeza mbamu zikuluzikulu osatafuna, ankati, "Kholingo lakoli lidzakuphetsa." Kodi munthu amadya ndi njira ya mpweya? Azakhali anuwo, a Mbewe, asinthanitsa. Ndi aulemu wake, koma asinthanitsa.

Namwino Nangondo
Ndiyikepo za thupi, za dzinazo mukambirane. M'khosi muli njira ziwiri. Yakutsogolo ndi ya mpweya, imatsikira ku mapapo. Ili ndi timphete ta chicherewecherewe, mwa munthu timakhala pakati pa 16 ndi 20, ndipo ndi timene timaiteteza kuti isafwaphale tikamapuma. Timpheteto si tathunthu, kumbuyo n'totseguka, ndipo mpata umenewo ndi umene njira yachiwiri yatsamirapo. Yachiwiriyo ndi ya chakudya, mnofu wokhawokha, yotalika masentimita pafupifupi 25, imakathera m'chifu. Ikakhala yopanda kanthu imangokhala yophwatalala. Pamwamba pa njira ya mpweya pali kabokosi kamene kamaonekera pakhosi pa amuna, kaja kamakwera ndi kutsika munthu akamameza. Kakakwera, kachivundikiro kamatseka khomo la mpweya kuti nsima ilowere kumbuyo. Ukaseka uku ukumwa thobwa, kachivundikiroko kamachedwa, ndiye kutsokomola kuja mpaka misozi.

Kuntchito odwala ambiri amangoti "pakhosi" kapena "kummero". Mawu akuti kholingo ndimawamva kwa achikulire, ndipo ndikawapempha kuti aloze, ambiri amagwira pakabokosi paja.

Malume a ku Ntcheu
Amagwira pamenepo chifukwa ndi pamene dzanja lingafike, mayi. Njira ya chakudya mwanena nokha kuti ili kumbuyo. Angaigwire bwanji?

Wa ku Malindi
Kwathu kunyanja nkhani imeneyi ana amaidziwa msanga chifukwa cha kazingidwe. Nyama kuti ikhale halali, mpeni uyenera kudula njira zonse ziwiri pamodzi ndi mitsempha ya magazi ya m'mbali. Agogo anga aamuna ndi amene ankazinga mbuzi za mudzi wonse pa Idi. Akamaliza ankapenyetsetsa pabalapo, n'kuloza ndi nsonga ya mpeni, iyi ya mpweya, iyi ya chakudya. M'Chiarabu ankati hulqum ndi mari'. Akamatifotokozera m'Chichewa, ya mpweya ija ankati kholingo. Ndili kumbali ya azakhali.

Mphunzitsi wopuma
Ndaphunzitsa Chichewa zaka zambiri, ndiloleni nditalikitse pang'ono, chifukwa mwana wa ku Zomba uja sananame.

M'kabokosi kamene a namwino anena muli timinofu tiwiri togundana ngati milomo. Mpweya ukamachokera m'mapapo umatinjenjemeretsa, ndipo kunjenjemerako ndilo liwu. Kwa mwamuna wamkulu timanjenjemera pafupifupi ka 120 pa sekondi, kwa mayi kupitirira ka 200. Mnyamata akamakula kabokosiko kamakula, timinofuto timatalika, mawu n'kukhala aakulu. Tikatupa ndi chimfine kapena ndi kukuwa kumpira, timati mawu asasa.

Yesani izi pomwe mulipo. Ikani zala ziwiri pakholingo. Nenani ssss, kenako zzzz. Lilime silinasunthe, mano ali pomwepo, koma pa z zala zikumva kunjenjemera, pa s kuli zii. Chimodzimodzi f ndi v. Ana anga m'kalasi ankachita zimenezi onse pamodzi, kalasi yonse kulira ngati njuchi.

Chachiwiri. Gwirani kapepala patsogolo pa milomo, munene pala, kenako phala. Kola, kenako khola. Pa phala ndi khola kapepala kakupepeluka. H amene timalemba pamenepo ndi chizindikiro chakuti timinofu tija tachedwa kutsekeka, mpweya n'kupulumuka liwu lisanayambe.

Chachitatu ndi chimene ndimachikonda kuposa zonse. Zala zikadali pakhosi, nenani bambo pang'onopang'ono, monga amanenera munthu wakumudzi. Mumva kabokosi kakutsika pa b woyambayo. Nenani dengu, dambo, chimodzimodzi. B ndi d wathu timamutchula mokokera m'kati, kholingo likutsika, pamene Mngelezi amamuphulitsira kunja. N'chifukwa chake bala la pamwendo ndi bala yomwerako mowa timalemba mofanana koma khutu la Mchewa limasiyanitsa. B wachiwiri wa bambo, wotsatana ndi m uja, satsika.

Ndipo mtengo wa mango ndi mtengo wa sopo, khungu la thupi ndi khungu la maso, kusiyana kwake ndi kukwera ndi kutsika kwa liwu, kumene kumachokeranso pomwepo. Chilankhulo chathu chimagwiritsa ntchito chiwalo chimenechi kwambiri. Chikanakhala chopanda dzina ndikanadabwa. Ine ndimati kholingo, ndipo mmero ndimausiyira nsima.

Mbewe wa ku Mponela
Aphunzitsi, ndayesadi za bambo zija. Kakutsikadi! Ndaitana akazi anga kuti agwire, nawonso adabwa.

Malume a ku Ntcheu
Zonsezo n'zoona, aphunzitsi, sindikutsutsa sayansi yanu. Funso ndi lakuti makolo ankati chiyani. Anthu a sukulu anafuna dzina loti aike m'mabuku, anapeza kholingo lili pafupi, analitenga. Agogo anga sanapite ku sukulu, ndipo pamene ankati kholingo ankanena za kudya. Ndinawamva ndi makutu angawa, osati kamodzi.

Nachisale
Amalume, mwina nonse mukulondola. Mayi anga ankati "nsomba yandibaya pakholingo" munga wa chambo ukawatsamwa, komanso ankati "wamugwira pakholingo" ponena za munthu amene wakanyangidwa pakhosi mpaka kulephera kupuma. Sankaona vuto. Munthu amene sanatumbulepo nyama alibe chifukwa chosiyanitsira. Amene amasiyanitsa ndi ozinga ndi ophika, ngati azakhali a a Mbewe, poti iwo ziwirizo amazigwira ndi manja.

Ndinaphunzira kusiyana kwake mowawa. Bambo anga anayamba kudandaula kuti nsima ikuima pachifuwa. Anasiya nsima n'kumadya phala, kenako phala lamadzimadzi, kenako tiyi yekha. Ife tinkangoti ndi zilonda za pakhosi, tikugula mankhwala otsukira m'kamwa. Mawu awo anali bwinobwino, ankayimba nyimbo za kwaya ali pamphasa, ndiye tinkati kholingo lili bwino, achira. Pamene tinkafika nawo kuchipatala anatiuza kuti ndi khansa ya kummero, njira ya chakudya yatsekeka. Anatisiya patapita miyezi inayi. Ndikamva wina akuti chakudya chikumuvuta kumeza, mtima umandidumpha.

Namwino Nangondo
Pepani kwambiri, achemwali. Matenda amenewo kuno kwathu ndi ochuluka, Malawi ali m'gulu la mayiko amene khansa ya kummero imapezeka kwambiri padziko lonse. Chonde, wachikulire akayamba kulephera kumeza zolimba, uku akuwonda, musadikire. Ndipo mukafika musangoti "pakhosi pakuwawa". Nenani kuti chakudya chikuima, ndipo lozani pamene chikuimapo.

Wa ku Chipata
Pepani a Nachisale. Kuno ku Eastern Province ambuya anga ankati mmero pa zonse, cha mpweya ndi cha chakudya chomwe. Kholingo ndinadzalimva nditakula, kwa anthu ochokera ku Mchinji. Koma ndifunse, zikakhala zambiri mumati chiyani? Makolingo kapena makholingo?

Mphunzitsi wopuma
Lamulo lake lilipo. Khasu, makasu. Khutu, makutu. Khosi, makosi. Phiri, mapiri. Thumba, matumba. Mpweya uja umachoka tikaika ma. Potsatira zimenezo tiyenera kunena makolingo. Mawu obwereka ndi amene amakana, monga thalauza, mathalauza. Kungoti munthu ali ndi kholingo limodzi, ndiye mpata wolichulukitsa umasowa, pokhapokha kwa ogulitsa nyama.

Nasibeko
Makolingo akundimvekera bwino. Koma ana a masiku ano ngakhale makasu akuti makhasu. Mdzukulu wanga tsiku lina akuti "maphiri a ku Dedza". Ndinamukhazika pansi.

Malume a ku Ntcheu
Amenewo asiyeni, atha kale. Mwana wa mchemwali wanga anabwera kudzandiona, akuti "ankolo, ndili ndi sore throat". Ndinamufunsa kuti m'Chichewa ndi chiyani, anangoti maso tuzu. Nkhuku amagula yozizira m'sitolo, yopanda khosi, yopanda mutu. Kholingo akaliona kuti? Kale pa MBC kunali pulogalamu ya Tiphunzire Chichewa, munthu ukalakwitsa mawu unkachita manyazi. Bungwe la Chichewa Board limene linakhazikitsidwa mu 1972 linkayang'anira zimenezi. Chilowereni m'malo mwake Centre for Language Studies mu 1996, ntchito ikugwirika ku Zomba, koma mwana wa ku Ndirande akumva za ndani? Za pa TikTok.

Mnyamata wa ku Ndirande
Amalume, ine ndi wa ku Ndirande ndipo ndawerenga zonse kuyambira pamwamba. Kholingo ndimalidziwa, pachiwaya timagula, amalidula timphetemphete n'kukazinga pamodzi ndi mapapo. Mukafunsa wokazinga aliyense akuuzani kuti ndi lija lokukuta. Musamatinyoze tonse. Inuyo akuluakulu mwalephera kugwirizana pano, ndiye ife tikanaphunzira liti, kwa yani? Makolo athu omwe ndi amene amatilipirira sukulu zoletsa Chichewa pabwalo.

Nachisale
Mwanayu wanena zoona. Kwathu mwana wa mchimwene wanga analangidwapo chifukwa cholankhula Chichewa pa nthawi yopuma, bambo ake n'kuyamikira aphunzitsiwo.

Mphunzitsi wopuma
Chimene chimandiwawa ine si mawu a Chingelezi olowa m'Chichewa, amenewo analipo kuyambira kale, sukulu, buku, foloko. Ndi b uja. Mverani owulutsa mawu ena achinyamata akamati bambo, kapena dziko la Malawi likudandaula. Pa dandaula kholingo silitsikanso, d akutuluka wouma ngati wa Chingelezi. Palibe amene angawakonze chifukwa polemba sizioneka. Ŵ wa Malaŵi tinamutaya m'zolemba zambiri anthu akuona, uyu akupita mwakachetechete.

Nasibeko
Komanso zining'a za khosi zikutha. Kunena za kukhosi, kusunga chakukhosi, kukhosi kwayera. Agogo akakhuta nkhani yabwino ankati "kukhosi kwanga kuli mbee". Palibe ankati kummero kuli mbee kapena kukholingo kuli mbee. Khosi ndi la mtima, mmero ndi wa njala, kholingo ndi la mawu. Umo ndi mmene ndinakulira.

Malume a ku Ntcheu
Mwakonza bwino, mayi, koma mwakonza nokha. Mnyamata wa pachiwaya akuti lokukuta, chabwino, ku Blantyre. Kwathu ku Ntcheu, kwa agogo anga, mwana wosusuka ankamunena kholingo. Mawa ndikupita kumudzi kumaliro, kuli agogo ena a zaka zopitirira 90 amene anakula ndi agogo angawo. Ndikawafunsa pamaso pa anthu.

Mbewe wa ku Mponela
Mukawafunse atagwira khosi la mbuzi m'manja, amalume, aloze okha. Musawafunse ndi pakamwa pokha. Nanenso ndawaimbira azakhali kuwauza kuti ena akuti asinthanitsa. Ayankha kuti amene akutsutsayo abwere pa Khirisimasi, mbuzi ilipo, mpeni adzampatsa.

Wa ku Chipata
Mukakafunsa mufunsenso za kanyama kaja kolendewera kumapeto kwa m'kamwa, kamene kamaoneka munthu akayasamula kwambiri. Ambuya anali nalo dzina lake, landithawa.