Kodi slime ya ana (choseweretsa chofewa chotamuka) tingaipange bwanji mosaopsa?

Kholo la ana awiri: Ana anga akufuna kuti tipange slime kunyumba, koma ndamva kuti ena amathiramo borax. Kodi mankhwala amenewa ndi ofunikadi, nanga sangawononge khungu la mwana wamng'ono?

Mphunzitsi wa sayansi: Chofunika choyamba ndi guluu wa mtundu wa PVA, woyera uja amene ana amamatira mapepala. Borax wosungunulidwa m'madzi amalumikiza tinthu tatitali tosaoneka ndi maso timene tili m'guluuyo, ndipo n'chifukwa chake guluu amasiya kuyenderera n'kuyamba kutamuka. Muzithira madontho ochepa uku mukutakasa, chifukwa mukachulutsa, slime imalimba ndipo imaduka mukangoikoka. Ntchito yosungunula borax ikhale ya munthu wamkulu, ndipo mwana amene ali ndi bala kapena khungu losachedwa kuyabwa asaigwire.

Mayi wina: M'malo mwa borax, ena amathira m'guluuyo madzi otsukira ma contact lens (timagalasi toika m'maso) pamodzi ndi soda wophikira, koma dziwani kuti madziwo amagwira ntchito pokhapokha ngati ali ndi boric acid, mankhwala a m'gulu limodzi ndi borax, choncho nkhani yosamala ndi yomweyo. Kwa mwana amene amaikabe zinthu m'kamwa, ine ndingasankhe cornflour (ufa wa sitachi wa chimanga) ndi madzi basi. Satamuka kwenikweni, koma amalimba mukamufinya m'dzanja n'kusungunuka mukatambasula zala.

Kholo la ana awiri: Zikomo kwambiri nonse. Nanga ikamatirira pa chovala?

Mayi wina: Thiranipo viniga, dikirani pang'ono, kenako chapani ndi madzi ofunda. Yotsalayo muisunge m'chidebe chotseka bwino kuti isaume, ndipo ana asambe m'manja akamaliza kusewera.