Ulendo wa agogo: Liwonde, Zomba ndi Blantyre

Azakhali a ku Area 25: Mwaswera bwanji nonse? Nkhani ya ulendo wa bambo ija tiimalize lero. Dzulo andifunsanso kuti ku Zomba tipita liti, kapena tikudikira adzadutseko ali m'bokosi. Ndinasowa choyankha.

Bambo a Tadala: Taswera achemwali. Ine ndinalemba kale. Lachinayi Dedza, tione zojambula za m'mapanga ku Chongoni, titsike ku Mua, tigone ku Mangochi. Lachisanu Liwonde ndi Zomba, Loweruka Mulanje, Lamulungu Blantyre.

Azakhali a ku Area 25: Achimwene, mukupita ndi timu ya mpira kapena ndi munthu wa zaka 82 woyendera njinga ya olumala? Ku Chongoni n'kokwera miyala. Awabereka ndani?

Tadala: Adadi, zoona. Tinapitako ndi sukulu, enafe tinafika ku phanga tikupuma ngati agalu.

Bambo a Tadala: Koma ndi malo a UNESCO, kuyambira 2006.

Ankolo a ku Joni: UNESCO sidzanyamula njinga achimwene. Tiyeni tiyambe ndi zimene mwini ulendo akufuna. Achemwali, iwo akuti chani kwenikweni?

Azakhali a ku Area 25: Zitatu basi. Aone maofesi akale a boma ku Zomba, komwe ankagwira ukalaliki likulu lisanasamukire ku Lilongwe mu 1975. Akapemphere ku tchalitchi cha St Michael and All Angels ku Blantyre, poti sukulu anaphunzira pa HHI (Henry Henderson Institute) pompo. Ndiye akuti chibadwire njovu anangoiona pa chithunzi.

Mayi a Chikondi: Ndiye Liwonde, Zomba, Blantyre. Msewu ndi umodzi, palibe kubwerera m'mbuyo. Mulanje adzaliona chapatali kukacha bwino.

Bambo a Tadala: Nanga Mua? Ku Kungoni kuli zigoba za gule zambirimbiri, akanasangalala.

Azakhali a ku Area 25: Msewu wotsikira ku Golomoti uja ndi makhotamakhota okhaokha. Chidwalire sitiroko, galimoto ikamakhota kwambiri amachita chizungulire. Mua tidzapita patokha tsiku lina.

Tadala: Ndaika pa mapu. Lachinayi kunyamuka Lilongwe 7 koloko, kupuma pa Dedza, kudzera Ntcheu ndi Balaka, kugona Liwonde. Lachisanu m'mawa ku paki, masana Zomba. Loweruka lonse Zomba. Lamulungu m'mamawa Blantyre, ndi makilomita osakwana 70. Lolemba kubwerera kudzera pa Zalewa.

Ankolo a ku Joni: Mwanayu mumupatse unduna wa zokopa alendo.

Bambo a Tadala: Chabwino. Galimoto ndibweretsa Hilux yanga.

Azakhali a ku Area 25: Ayi zikomo. Mwaiwala pa maliro a azakhali awo a Chikondi? Anthu atatu kulimbana kuwakweza, mmodzi atagwira mwendo, wina m'khwapa, anthu onse akuyang'ana. Anakhala masiku awiri osandilankhula. Bambo ululu amapirira, koma manyazi ayi. Pafunika galimoto yotsika, ya chitseko chokoka.

Mayi a Chikondi: Noah yathu ilipo alamu. Mpando wakumbuyo tikaupinda njinga ilowa pamodzi ndi zikwama. Koma zikatero anthu asapose asanu.

Bambo a Tadala: Noah siifika ku Emperor's View, malo oonerapo patali a pa phiri la Zomba aja. Msewu wa pamwamba pa phiri ndi wafumbi, wa miyala.

Azakhali a ku Area 25: Asafikeko. Tara imafika mpaka ku Ku Chawe, ndipo Mulunguzi Dam adzaliona. Tiwagulire masitiroberi a m'mbali mwa msewu, akhale pamphepo, basi. Nkhani ya Haile Selassie, mfumu ya ku Ethiopia, kubwera pa Emperor's View mu 1965 adzatiuza okha, amaikamba Khrisimasi iliyonse.

Ankolo a ku Joni: Za boti pa Shire bwanji? Mvuu zimaoneka bwino uli pamadzi.

Tadala: Ankolo, kulowa m'boti munthu amalumpha kuchoka pagombe boti likugwedezeka. Kuli bwino tizungulire paki pa galimoto. Mu Seputembala udzu umakhala utauma, njovu zimabwera kumtsinje.

Bambo a Tadala: Ine ndimati Okutobala, pa holide ya tsiku la anakubala.

Mayi a Chikondi: Okutobala ku Liwonde? Ndi BP yawo ija? Kumeneko kumatentha ngati mu uvuni. Julayi nayenso ayi, ku Zomba chiperoni chidzawalowa m'mafupa. Kumayambiriro kwa Seputembala.

Azakhali a ku Area 25: Tsopano nkhani yaikulu imene palibe akuitchula: chimbudzi ndi bafa. Chaka chatha ku ukwati kuja, loji ina inatiuza pafoni kuti zonse zili bwino kwa oyendera njinga. Titafika, masitepe atatu pakhomo, chitseko cha bafa chopapatiza njinga osalowa, mkati bafa lochita kulumphira. Ndinawasambitsa m'chipinda ndi beseni. Ulendo uno sindikufuna mawu, ndikufuna zithunzi.

Tadala: Ndiwauza atumize pa WhatsApp chithunzi cha khomo, cha bafa, ndi cha njira yochokera poimika galimoto. Azakhali, mundiyezere njingayo m'lifupi ndi tepi, ndiwauze ayeze zitseko zawo.

Azakhali a ku Area 25: Ndiyeza madzulo. Ufunsenso kutalika kwa bedi, komanso ngati shawa ndi yolowa chopanda chopunthwitsa. Mpando wapulasitiki wosambira ndinyamula wakunyumba. Chipinda changa chikhale choyandikana ndi chawo, usiku amadzuka kawiri.

Mayi a Chikondi: Ku Blantyre musavutike ndi loji, mudzagona kwathu. Sitepe ya pakhonde bambo a Chikondi akhoma thabwa lotsetsereka. Ku tchalitchi ndikaonako ndekha Lamulungu lino khomo lomwe njinga ingalowere. Nyumba ija inamangidwa 1888 mpaka 1891, omanga ake za njinga sankaziganizira.

Ankolo a ku Joni: Mafuta ndi malipiro a pa Kalinyeke ndi Chingeni ndi anga, nditumiza pa Mukuru mwezi ukatha. Malo ogona ndi zolowera ku paki mugawane inu muli kumudzi. Tadala asunge ndalama pa Airtel Money ndipo aliyense akaponya azilemba pano.

Bambo a Tadala: Ndiye asanuwo ndi ndani? Bambo, achemwali, Tadala, woyendetsa, ndi ine.

Azakhali a ku Area 25: Inu mubwere, koma ntchito yanu ndi kukankha njinga. Misewu ya ku Zomba kumaofesi akale kuja ndi chikweza chokhachokha.

Bambo a Tadala: Ndamva achemwali. Mankhwala ndi buku lawo lachipatala musaiwale.

Azakhali a ku Area 25: Mundiuze ine? Dikirani, ndawawerengera zonsezi. Akuti Seputembala ali bwino. Akutinso suti yawo yakuda ipite kochapitsa, ndipo ku St Michael tikafike mapemphero a Chichewa asanayambe chifukwa sakufuna kukhala kumbuyo.

Mayi a Chikondi: Muwauze mpando wakutsogolo ndiwasungira ndekha.

Tadala: Azakhali, tepi ija musaiwale.