Kodi "mtchona" ndi munthu wotani kwenikweni?

Wa ku Chinamwali: Akuluakulu, ndithandizeni. Dzulo magetsi atayaka tinaonera filimu ina pa laputopu, ya anyamata ongodzipangira okha popanda kampani yaikulu. Ndi nkhani ya mlonda wa ku Johannesburg, masana kugona, usiku pa geti. Anthu ali piringupiringu, koma womupatsa moni ndi mayi mmodzi yekha wogulitsa tiyi pa siteshoni. Agogo anga Chingerezi samva, koma anaonera mpaka kumapeto, kenaka n'kungoti, "Ameneyu ndi mtchona." Nditawafunsa tanthauzo anangoseka. Kodi mtchona ndi munthu wosungulumwa?

Mphunzitsi wopuma, Domasi: Ayi mwanawe, mawuwa ndi osiyana. Kusungulumwa kuli mumtima, ungasungulumwe uli pakati pa msika wa Zomba. Kutchona ndi kupita kutali kukagwira ntchito, n'kukhalitsa komweko osabwerera, kalata osalemba. Kale amuna ankapita ku Salisbury, ku Bulawayo, ena ku migodi ya ku Joni kudzera ku Wenela. Mu 1974 ndege yonyamula anthu a m'migodi itagwa ku Francistown, Kamuzu analetsa Wenela kulemba anthu kuno. Koma amene anali atakwatira kale kumeneko, ambiri sanabwerenso. Amenewo ndiwo matchona. Ndipo dziwa kuti dzinali munthu sadzitcha yekha, amamutcha ndi otsala kumudzi.

Wa ku Chinamwali: Zikomo bambo. Koma mlonda uja ndalama amatumiza mwezi uliwonse. Ndiye agogo analakwitsa?

Mayi wa ku Sadzi: Sanalakwitse. Mchimwene wanga ali ku Joni chaka chachisanu ndi chinayi. Mukuru imalira ndithu, pa WhatsApp timamuona wanenepa. Koma maliro a amalume sanabwere, a mayi aang'ono sanabwere. Ndalama sizikhala pa siwa, achimwene.

Mphunzitsi wopuma, Domasi: Apo mayi ndikutsutsaniko pang'ono. Ambiri mapepala awo anatha, akatuluka kubwereranso n'kovuta. Wotumiza thandizo sanataye kwawo. Ine ndingati wakhalitsa, osati watchona.

Mayi wa ku Sadzi: Mukawauze zimenezo amayi anga, aphunzitsi.

Wa ku Chinamwali: Ndawafunsanso agogo m'mawa uno. Akuti za ndalamazo sanazione n'komwe. Iwo anaona pamene mayi wa tiyi uja anamufunsa mlondayo kuti kwanu n'kuti, iye n'kuyamba waganiza kaye asanayankhe.