Kodi ndalama za mabungwe akunja zinamanga mtendere ku Burundi?

Mphunzitsi wa ku Dowa

Moni kwa nonse. Ndimaphunzitsa pa sukulu ina ya sekondale m'boma la Dowa, ndipo kwa zaka zingapo tsopano amene amasoka zovala za ana anga ndi bambo wina wa ku Burundi wokhala ku msasa wa othawa kwawo wa Dzaleka. Loweruka lapitali, ndikudikira kuti amalize kupinda buluku la yunifomu, tinayamba kucheza za kwawo, ndipo zimene anandiuza zakhala zikundisowetsa tulo. Bamboyu wathawa kwawo kawiri. Koyamba anathawa ali mnyamata, nkhondo itabuka mu 1993, n'kukakhala ku Tanzania, ndipo kachiwiri anathawa mu 2015 ali kale ndi mkazi ndi ana. Pakati pa maulendo awiriwa anabwerera kumudzi, kumene akuti anachita nawo maphunziro ambiri a mtendere okonzedwa ndi mabungwe. Anatsegula kadilowa ka mashini ake n'kundionetsa satifiketi imodzi yolembedwa m'Chifalansa, imene amaisunga m'jumbo pamodzi ndi singano ndi choko, kenako anandifunsa kuti ngati maphunziro onse aja anagwira ntchito, iye akufunanji ku Dowa.

Ndinasowa chomuyankha. Ndikupempha amene mukuidziwa bwino mbiri ya dzikolo, kapena amene munagwirapo ntchito m'mabungwe omwe si a boma, kuti mundithandize. Kodi thandizo lochokera kunja linathandizadi kuyanjanitsa Ahutu ndi Atutsi, mitundu iwiri ikuluikulu ya m'dzikomo, kapena linangophimba chilonda chimene chinali chisanapole?

Mayi wa ku Zomba

Bambo mphunzitsi, funso la telala wanuyo n'lolemera ndipo sindikufuna kulipeputsa, koma ndi bwino tiyambe taona kumene anthu a ku Burundi ankachokera. Ahutu ndi Atutsi amalankhula chilankhulo chimodzi cha Kirundi, amalima m'mapiri omwewo ndiponso amapemphera m'matchalitchi omwewo, komabe mu 1972 asilikali a boma, amene akuluakulu awo anali Atutsi, anapha Ahutu ochuluka zedi, makamaka ophunzira. Mu Juni 1993 Melchior Ndadaye anapambana chisankho n'kukhala Mhutu woyamba kusankhidwa pa udindo wa pulezidenti, koma pa 21 Okutobala chaka chomwecho asilikali anamupha. Chotsatira chake anthu oyandikana nyumba anayamba kuphana, Atutsi ambiri anaphedwa m'midzi, asilikali anabwezera pa Ahutu, ndipo nkhondo yapachiweniweni imene inatenga zaka zoposa khumi akuti inapha anthu pafupifupi 300,000.

Nkhondo imeneyi siinathe yokha. Julius Nyerere anakhala mkhalapakati mpaka pamene anamwalira mu Okutobala 1999, kenako Nelson Mandela anapitiriza ntchitoyo mpaka mgwirizano wa mtendere wa ku Arusha, ku Tanzania, unasainidwa pa 28 Ogasiti 2000. Ndalama zoyendetsera zokambiranazo zinkachokera ku maiko opereka thandizo, ndipo asilikali a ku South Africa ndi amene anapita kukateteza andale obwerera kuchokera kunja, chifukwa andalewo sankakhulupirira asilikali a dziko lawo lomwe. Makolo athu anati mlendo ndi amene amabwera ndi kalumo kakuthwa, ndipo Mandela anauza atsogoleri a Atutsi maso ndi maso kuti gulu lochepa ngati lawo silingapitirize kugwira lokha boma, chuma ndi usilikali, mawu amene munthu wa m'dzikomo akanawalankhula mwina sakanaona dzuwa la mawa. Zigawenga za Ahutu za gulu la CNDD-FDD zinasiya kumenyana kumapeto kwa 2003, ndipo malamulo oyendetsera dziko a 2005 anagawa mipando ya nyumba ya malamulo ndi ya nduna kuti 60 pa 100 ikhale ya Ahutu ndipo 40 ya Atutsi, pamene usilikali unagawidwa pakati ndi pakati.

Koma chimene chimandikhudza kwambiri ndi ntchito ya wailesi. Mu 1995, patangopita chaka chimodzi wailesi ya chidani itathandizira kupha anthu ku Rwanda, bungwe la ku America la Search for Common Ground linatsegula Studio Ijambo ku Bujumbura. Atolankhani ake anali Ahutu ndi Atutsi ogwira ntchito limodzi, moti nkhani imodzi inkatha kumveka kuchokera ku mbali zonse ziwiri, pa nthawi imene mzindawo unali utagawikana mwakuti munthu ankatha kufa chifukwa cholowa dera la mtundu wina. Pulogalamu yawo ina, Inkingi y'Ubuntu, inkafunafuna anthu wamba amene anabisa ndi kupulumutsa anzawo a mtundu wina, n'kuwapatsa mpata wofotokoza zimene anachita dziko lonse likumva. M'zaka zotsatira kunabadwanso mawailesi oima paokha monga RPA ndi Isanganiro, amene ankadalira kwambiri ndalama zakunja.

Ndiye taonani zimene zinachitika mu 2015, pamene pulezidenti Pierre Nkurunziza wa CNDD-FDD, gulu limene panthawiyo linali litasanduka chipani cholamula, anafuna teremu yachitatu. Amene anachita zionetsero m'misewu ya Bujumbura anali a mitundu yonse iwiri. Mkulu wa asilikali amene anayesa kulanda boma pa 13 Meyi, Godefroid Niyombare, anali Mhutu wochokera m'chipani chomwecho cha CNDD-FDD, ndipo Pierre Claver Mbonimpa, womenyera ufulu wa anthu amene anawomberedwa kumaso mu Ogasiti chaka chimenecho n'kupulumuka, nayenso ndi Mhutu. Andale ena anayesetsa kukoleza moto wa mitundu, koma m'midzi anthu sanatengerane zikwanje ngati mu 1993. Anthu oposa 400,000 anathawa, ndipo zimenezo n'zowawa kwambiri, koma ankathawa boma ndi achinyamata a chipani. Ine ndimaona kuti kusiyana kumeneku ndi chipatso cha ntchito ya zaka makumi awiri, ndipo mbali ina ya ntchitoyo inalipiridwa ndi alendo.

Wantchito wakale wa bungwe, Lilongwe

Mayi a ku Zomba, mbiri mwaifotokoza molondola, ndipo pa za wailesi ndikugwirizana nanu ndi mtima wonse. Komabe ndagwira ntchito zaka zambiri m'bungwe lina lodalira thandizo lakunja kuno kwathu, ndipo satifiketi ya m'jumbo ija ndikuidziwa, chifukwa zoterozo ndinazisaina ndi dzanja langa. Tinkaitana anthu makumi atatu ku holo, n'kuwaphunzitsa masiku atatu, n'kuwapatsa alawansi ndi malaya olembedwa uthenga, kenako n'kulemba lipoti lonena chiwerengero cha amene afikiridwa. Otipatsa ndalama ankafuna manambala pakutha pa miyezi itatu iliyonse, pamene kuti munthu akhululukire amene anamuphera bambo ake pangafunike zaka makumi awiri, ndipo palibe pulojekiti imene imadikira nthawi yotalika chonchi. Mpaka lero zimandipweteka ndikakumbukira mayi wina amene anandifunsa pa tsiku lotsekera maphunziro kuti tidzabweranso liti, ine ndikudziwa kuti ndalama za chigawo chimenecho zatha.

Ku Burundi vuto limeneli linali lalikulu kuposa kuno, chifukwa chisanafike chaka cha 2015 pafupifupi theka la bajeti ya boma linkachokera kunja, ndipo mabungwe omenyera ufulu nawonso ankakhalira ndalama za ku Ulaya ndi America. Zimenezi zinapatsa boma chida chophweka. Mabungwewo atatsogolera kukana teremu yachitatu, boma linangowatchula kuti ndi otumidwa ndi azungu, linatseka maakaunti awo a kubanki, ndipo mu Januwale 2017 linathetseratu Ligue Iteka, bungwe lakale kwambiri loona za ufulu wa anthu m'dzikomo, limene linayamba mu 1991. Mawailesi aja anawonongedwa mu Meyi 2015, ndipo atolankhani ambiri anathawira ku Rwanda. Khasu lobwereka silikhalira kuthyoka. Mabungwe amene mizu yawo ya chuma inali ku Brussels, likulu la European Union, analibe mamembala okwanira m'mapiri oti n'kuwachirikiza pamene mipopi inatsekedwa.

Nawo maiko a mu European Union anaimitsa thandizo lopita mwachindunji ku boma mu Malichi 2016, poganiza kuti Nkurunziza agonja. Sanagonje. Boma linayamba kutolera zopereka za chisankho cha 2020 kwa anthu osauka omwewo, ndipo achinyamata a chipani otchedwa Imbonerakure ankafunsa malisiti pa zipata za m'misewu. Chiletso cha thandizolo chinachotsedwa mu Febuluwale 2022, Évariste Ndayishimiye atalowa kale m'malo mwa Nkurunziza amene anamwalira mu Juni 2020.

Chimene chimandidetsa nkhawa koposa ndi lamulo la 2017 lokhudza mabungwe akunja, limene linawalamula kulemba antchito potsata masamu omwewo a 60 ndi 40. Mu Okutobala 2018 boma linawaimitsa kwa miyezi itatu kuti atsatire lamulolo, ndipo Handicap International, yothandiza anthu olumala, inasankha kutseka ntchito zake m'dzikomo kumayambiriro kwa 2019 m'malo molemba mtundu wa wantchito aliyense. M'dziko limene mu 1972 anthu ankatengedwa kukaphedwa potsata mndandanda wa mayina, kufunsa bungwe kuti lipereke mayina a antchito ndi mitundu yawo si nkhani yaing'ono. Boma linkanena kuti mabungwe akunja ankakonda kulemba Atutsi ophunzira a mumzinda, ndipo dandaulo limenelo opereka thandizo anayenera kulimva okha kalekale, lisanasanduke chikwapu m'manja mwa andale.

Mkulu wa mpingo, Mponela

Ndingowonjezera mfundo imodzi imene nonse awiri simunaikhudze, ndiyo nthaka. Burundi ndi dziko laling'ono lodzaza anthu, ndipo ambiri amadalira kamunda ka nthochi, nyemba ndi khofi. Amene anathawa mu 1972 ndi mu 1993 atabwerera anapeza minda yawo muli anthu ena, ena mwa iwo atabadwira momwemo, moti mu 2006 boma linakhazikitsa komiti yapadera yoweruza milandu ya malo. Kumudzi milandu yotereyi inkafika kwa abashingantahe, akuluakulu olemekezeka amene mwa chikhalidwe chawo amasankhidwa chifukwa chonena zoona, ndipo ntchito yawo ikufanana ndi ya bwalo la kwa mfumu. Bungwe la UNDP, nthambi ya United Nations yoona za chitukuko, linathandiza kuutsa mwambo umenewu, koma boma la CNDD-FDD linaukayikira n'kuukankhira pambali. Bambo mphunzitsi, mukapitanso kwa telala wanu mukamufunse za munda wa bambo ake, chifukwa ine ndikukhulupirira kuti yankho la funso lake lagona pamenepo kuposa pa satifiketi.

Mphunzitsi wa ku Dowa

Zikomo kwambiri mayi, zikomo bambo a ku Lilongwe ndi inu akulu a mpingo. Dzulo nditaweruka ndinapita kukatenga buluku lija, ndipo ndinamufunsa za munda monga munandilangizira. Anaimitsa mashini n'kukhala chete kanthawi asanayankhe. Akuti atabwerera kuchokera ku Tanzania anapeza banja la mtundu wina likulima munda wa bambo ake, ndipo kwa chaka chathunthu sankapatsana moni. Akuluakulu a paphiri lawo ndi amene anawakhazika pansi kangapo konse mpaka anagwirizana kugawana mundawo, n'kubzala mzere wa mitengo pamalire. Chimene chinam'limbitsa mtima kuti akakhale nawo pa bwalolo, akuti, ndi nkhani zimene ankamva pa wailesi madzulo za anthu amene anapulumutsa anansi awo, pamene za maphunziro a m'holo akukumbukira zochepa chabe.

Ndinamufunsanso kuti anamuthamangitsa ndani mu 2015. Anati anali anyamata a chipani a mtundu wake womwe, amene ankamuganizira kuti ndi wotsutsa boma chifukwa ankakana kupita ku misonkhano yawo. Usiku umene ankamufunafuna anagona m'khitchini mwa mnansi wake uja wa pamalire, ndipo m'bandakucha mnansiyo anamuperekeza mpaka kumsewu. Mpaka pano ndi amene akulima mbali yake ya munda, ndipo nyemba zikagulidwa amamutumizirako kangachepe kudzera mwa achibale. Za kubwerera kwawo sanafune kulankhulapo, ndipo ine sindinamukakamize. Satifiketi ija anaibwezera m'jumbo n'kutseka dilowa, kenako anandipempha kuti ndikadzabweranso ndidzamuwerengere zimene mwalemba panozi, makamaka za Studio Ijambo, chifukwa akuti sankadziwa kuti ndalama zoyendetsera mapulogalamu aja zinkachokera kuti.