Kontirakiti ya m'boma ikatha osaiwonjezera, kodi wantchito ali ndi ufulu wanji?

Mayi Nachisale, Chilomoni:
Abale ndi alongo, ndikupempha nzeru kwa amene amadziwa malamulo a ntchito. Achimwene anga agwira ntchito ya ukalaliki ku ofesi ina ya boma kuno ku Blantyre kwa zaka zinayi, ndipo chaka chilichonse ankawasainitsa kontirakiti ya miyezi 12. Mwezi wathawu angowauza pakamwa kuti sawawonjezeranso, chonsecho pampando wawo akhazikapo kale munthu wina. Kodi pamenepa pali podandaula, kapena tingoti zagwa zatha?

Bambo Gondwe, Ndirande:
Mayi, pepani ndi zimenezi. Lamulo la Employment Act la chaka cha 2000, pa ndime 28, limanena kuti kontirakiti yokhala ndi tsiku lothera imatha yokha tsikulo likafika, ndipo wolemba ntchito sakakamizidwa kupereka notisi. Achimwene anuwo ayenera kulandira malipiro awo otsala pasanathe masiku 7, ndalama za masiku a tchuthi amene sanapume, kalata yotsimikiza kuti anagwira ntchito kumeneko, komanso gratuity (ndalama yowathokozera kontirakiti ikatha) ngati inalembedwa mu kontirakiti. Za severance (ndalama imene munthu amapatsidwa akachotsedwa ntchito) musaziyembekezere kwambiri, chifukwa chisinthireni lamulo mu 2010 ndalama imeneyi imaperekedwa makamaka kwa ochotsedwa chifukwa cha kuchepetsa antchito kapena ochotsedwa mopanda chilungamo.

Bambo Mbewe, Limbe:
A Gondwe anena zoona, koma aima panjira, chifukwa ndime 28 yomweyo ili ndi mawu ena amene mabwana ambiri sakonda kuwatchula. Imanena kuti ngati kontirakiti ya nthawi yochepa ikugwiritsidwa ntchito kudzaza malo okhazikika, amene ntchito yake ndi ya tsiku ndi tsiku pa ofesipo, ndiye kuti lamulo limaiona kontirakitiyo ngati yopanda tsiku lothera. Kalaliki amene wasainitsidwa kanayi motsatizana, ndipo atangochoka pampando wake pakhala wina wogwira ntchito yomweyo, ali ndi mfundo yamphamvu yakuti malowo ndi okhazikika. Khothi likavomereza mfundoyi, nkhani imatembenuka, pakuti kusawonjezera kuja kumakhala kuchotsa ntchito, ndipo ndime 57 imafuna kuti pakhale chifukwa chomveka, komanso ngati akumunena munthuyo za khalidwe kapena kagwiridwe ka ntchito, apatsidwe mwayi woyankhapo.

Wina asakunamizeni kuti boma silikhudzidwa. Lamuloli limamanganso boma ndi makampani ake, kupatula asilikali, apolisi ndi oyang'anira ndende, amene ali ndi malamulo awoawo. Ndime 31 ya malamulo aakulu a dziko lino imapatsa aliyense ufulu wochitiridwa chilungamo pantchito, ndipo ndime 43 imamupatsa ufulu wolandira zifukwa zolembedwa pamene ofesi ya boma yapanga chiganizo chomukhudza. N'chifukwa chake kuuzidwa pakamwa kumene mwatchulako kwandidabwitsa kuposa zonse.

Chimene chimagwetsa anthu ambiri ndi nthawi. Dandaulo liyenera kukafika kwa mkulu wa ofesi ya leba pasanathe miyezi itatu chichotsedwereni, ndipo iye akalephera kuyanjanitsa mbali ziwirizo pakatha mwezi umodzi, nkhani ikhoza kupita ku khothi la Industrial Relations, limene lili ndi mphamvu yolamula kuti munthu abwezedwe pantchito kapena apatsidwe chipepeso.

Mayi Nambewe, Zingwangwa:
Ndiwonjezereko chenjezo pa zimene afotokoza a Mbewe. Ngati achimwene anu ankalipidwa ndi ndalama za polojekiti imene inali ndi tsiku lake lotsekera, boma lidzanena kuti ntchitoyo sinali yokhazikika, ndipo kawirikawiri mfundo imeneyi imakhala yovuta kuigonjetsa. Awerenge bwino zimene zinalembedwa, asonkhanitse makontirakiti onse anayi pamodzi ndi mapepala a malipiro, kenako alembere ofesiyo kalata yopempha zifukwa n'kusunga ina yodindidwa. Ngati alibe ndalama za loya, apite ku Legal Aid Bureau, ndipo ofesi ya Ombudsman nayonso imalandira madandaulo okhudza maofesi a boma kwaulere.

Mayi Nachisale, Chilomoni:
Zikomo kwambiri nonse. Ndawafunsa, ndipo akuti mu kontirakiti mulibe mawu a polojekiti paliponse, malipiro ankachokera ku boma lenilenilo. Kalata yopempha zifukwa tiilemba usiku uno, ndipo Lolemba alawirira ku leba.