Kalendala ya Tadala, tisonkhe tisindikize

Mayi a Tadala: Mwaswera bwanji nonse? Ndili ndi nkhani yoti tigwirizane tisanakumane ku Zoo Lake pa 16 Disembala. Tadala akulemba nthano ya dziko lake lopeka, kumene anthu amawerenga masiku potsata momwe mawu amatulukira m'kamwa. Nditaiona kalendala yakeyo m'kope mwake ndinakumbukira ana athu obadwira ku Joni kuno, amene Chichewa amamva koma poyankha ndi Chizungu kapena Chizulu. Bwanji tisonkhe tisindikize, nyumba iliyonse ipachike pakhoma?

Malume (Rosettenville): Afotokoze mwini wake, timve bwino.

Tadala: Zikomo malume. Sabata yanga ili ndi masiku 5, a e i o u, monga mmene amayi anandiphunzitsira maphatikizo. Mwezi uli ndi masabata 6, ndiye masiku 30. Miyezi ilipo 12 ndipo chaka chimayambira pamilomo n'kumalowa m'kati. P, B, M ndi ya pamilomo. T, D, N lilime limagunda kuseri kwa mano. CH, J, NY lilime limakwera pakati. K, G, NG' ndi ya chakukhosi. M'mwezi wa M masiku amati ma me mi mo mu, n'kubwerezanso mpaka kasanu ndi kamodzi.

Azakhali (Diepsloot): Ine ndayesa kutchula pano ndili pamzere wa takisi, zoonadi lilime likubwerera m'mbuyo. Mwana iwe unazizindikira bwanji?

Bambo a Yamikani: 12 kuchulukitsa ndi 30 ndi 360. Masiku 5 apita kuti?

Tadala: Amenewo ndi a kumapeto, alibe mwezi. Amangoti a, e, i, o, u. M'nthano yanga anthu sagwira ntchito, amangoimba. Chaka cha masiku 366 ngati 2028 pamawonjezeka tsiku lotseka pakamwa, lija timati m' ponena kuti m'nyumba.

Bambo a Yamikani: Ndiye wafanana ndi anzathu a ku Ethiopia amene ndimapikula nawo katundu ku Jeppe. Iwo miyezi 12 ndi ya masiku 30, wa 13 ndi kamwezi ka masiku 5 kapena 6, ndipo chaka chatsopano amachilandira mu Seputembala. Ine ndavomera kale.

Malume (Rosettenville): Nzeru zilipo, sindikana. Koma mtima wanga sukukhazikika. Lamulungu lili kuti? Mwana akazolowera sabata ya masiku 5, adziwa bwanji tsiku lopita ku tchalitchi? Chinanso, mayina athu a masiku ali ndi mbiri yake. Lolemba ndi tsiku limene anthu ankalembedwa ntchito, Loweruka ndi limene ankaweruka. Ife amene tinabwera kuno kudzagwira ntchito mayina amenewa akunena za ife. Sindikufuna adzukulu anga adziwe za dziko lopeka asanadziwe zimenezi.

Mayi a Tadala: Achimwene mwanena zoona, ndipo sindinaziganizire. Nanga tikalemba zonse ziwiri m'kabokosi kamodzi? Pamwamba deti lenileni ndi dzina la tsiku m'Chichewa, Lamulungu lofiira, pansi pake phatikizo la Tadala.

Malume (Rosettenville): Zikatero ndilibe mawu. Mayina a masikuwo alembedwe athunthu, osadula.

Azakhali (Diepsloot): Ine dandaulo langa ndi lina. Ndinaphunzitsa Sitandade 1 kumudzi zaka zambiri ndisanabwere kuno, ndipo pamene ana athu akugwa si pa ba be bi. Akugwa pa mpweya. Mdzukulu wanga amati pala akafuna phala, kasu m'malo mwa khasu. Nanga mb, nd, nj zija, mbuzi, ndodo, njovu? Kalendala yopanda zimenezi yasiya theka la chiyankhulo panja.

Tadala: Azakhali ndinazisiya chifukwa miyezi ikanapitirira 12. Koma sabata yomaliza ya mwezi ikhoza kukhala yolemera. Wa P uthere pa pha phe phi pho phu, wa T pa tha, wa CH pa tcha, wa K pa kha. Wa B uthere pa mba, wa D pa nda, wa J pa nja, wa G pa nga. M, N, NY ndi NG' ikhale momwemo.

Azakhali (Diepsloot): Eya, tsopano wandifika pamtima. Ndipo nga ndi ng'a zikakhala miyezi yotsatizana mwana amva yekha kusiyana kwake.

Bambo a Yamikani: Ndawerengera poyambira pa 1 Januwale, chaka cha masiku 365. Miyezi ya pamilomo ikutha ndendende pa 31 Malichi. 6 Julayi, tsiku la ufulu wathu, ndi che wa sabata yachiwiri. Khirisimasi ikugwa pa ng'o womaliza.

Malume (Rosettenville): Pa ng'o? Ng'ombe zili m'khola mmene anabadwira Ambuye. Tadala, chithunzi cha mwezi umenewo chikhale chomwecho.

Mayi a Tadala: Zithunzi ajambule ana okha, mwana aliyense mwezi wake. Tambala, dengu, chimanga, nyanja, kalulu, galu, zina musankhe. Mujambule pa foni n'kuponya pano isanathe sabata yamawa.

Mlamu (Cosmo City): Pepani ndangoweruka kumene. Yamikani ndi Chisomo atenge nyanja ndi galu? Ndipo ndi zingati pa nyumba?

Bambo a Yamikani: Tilipo nyumba 9. Tikasonkha R150 iliyonse ndi R1,350. Mawa ndifunsa osindikiza awiri m'tauni kuti atipatsa makope angati, ndibwera ndi yankho madzulo. Ndalama muzitumiza kwa ine, ndizilemba mayina pano.

Azakhali (Diepsloot): Musaiwale agogo ku Dedza. Ine ndikukwera basi ku Park Station pa 18, ndinyamula makope atatu, lina ndikapereke kusukulu imene ndinkaphunzitsa.

Mlamu (Cosmo City): Nanga agogo maso aja aona zilembo?

Mayi a Tadala: Lawo tisindikize lalikulu, ndalama yowonjezera ndilipira ine.

Tadala: Azakhali, mungawajambuleko agogo mawu akutchula miyezi yonse? Ng' ine amandivutabe, ndikufuna ndimve mmene amatchulira iwowo.

Azakhali (Diepsloot): Ndikawajambula m'mawa atamwa tiyi. Unditumizire miyeziyo ndi sabata zolemera zija, ndikawawerengere kaye.