KMSpico pa makompyuta 6 a kasitomala, ndingochotsa kapena format?

WaMaCable: Mabwana thandizeni msanga. Ofesi ya kasitomala, makompyuta 6, Windows 10 Pro ndi Office 2016, onse anawapanga activate ndi KMSpico (crack yotsegula Windows ndi Office popanda kugula layisensi). Defender ikungokuwa HackTool:Win32/AutoKMS, slmgr /dlv ikuti VOLUME_KMSCLIENT chonsecho volume licence (layisensi yogula pagulu ya makampani) alibe. Gmail ya akauntanti wina walowamo ngakhale 2FA (chitsimikizo chachiwiri pambali pa pasiwedi) ilipo. Abwana ake format sakufuna kuimva, akuti payroll ndi Lachisanu. Ndingofufuta folder ya KMSpico basi?

Madala_Server: Folder yokha sikokwanira achimwene. KMSpico imasiya service ya KMS (njira ya Microsoft yopangira activate makompyuta a kampani, yomwe iyo imatsanzira) ndi task ya AutoPico Daily Restart. Mitundu ina imaika Debugger pa SppExtComObj.exe mu Image File Execution Options. Yendetsani Autoruns ngati admin. Kenako Get-MpPreference, muone ExclusionPath, mndandanda wa malo omwe Defender siyang'anamo. Mukapeza C:\ yonse kapena AppData mmenemo, Defender yakhala yotseka maso kuyambira tsiku loikalo.

Layisensi_Nzodula: Ndi false positive imeneyo, Defender ikungokuwa pachabe. Microsoft imadana nayo chifukwa imawadyera ndalama. Yoyambirira ilibe vuto.

Mayi_Firewall: Yoyambirirayo mwaitenga kuti? KMSpico ilibe webusaiti yovomerezeka, onse odzitcha "official" ndi ongoikuta mwatsopano. Mu Disembala 2021 kampani ya zachitetezo ya Red Canary inaonetsa installer yonyamula CryptBot, pulogalamu yakuba mapasiwedi, ndipo inkaikanso KMSpico yeniyeni. Windows imakhala activated bwinobwino, uku mapasiwedi a mu browser, cookies ndi ma wallet a crypto akupita. Za Gmail zija zikufanana ndi kubedwa kwa session cookie (kachidziwitso ka mu browser kosonyeza kuti munalowa kale): wakubayo salemba pasiwedi, ndiye 2FA siifunsa kanthu. Musinthe mapasiwedi pa kompyuta ina yoyera, mutulutse ma device onse mu akaunti ya Google, muonenso ma filter ndi forwarding. Mukasinthira pa yodwalayo mwangomupatsa pasiwedi yatsopano.

Layisensi_Nzodula: Amenewo anadawuniloda malo olakwika. Yoyambirira ilibe vuto.

Madala_Server: Ngakhale itakhala yoyera, kuti iyende mumazimitsa antivirus n'kuipatsa admin. Chilichonse chobisalamo chimalowa ndi mphamvu zomwezo. STOP/Djvu, pulogalamu yotseka mafayilo n'kufuna dipo, imafala ndi ma crack omwewa: mafayilo atsekedwa, _readme.txt inkafuna madola 980, kapena 490 mukalipira m'maola 72. Ngati inatseka mafayilo ndi online key (key ya inu nokha yochokera ku seva ya akubawo), decryptor ya Emsisoft sithandiza. Mu 2025 kampani ya zachitetezo ya EclecticIQ inanenanso za Sandworm, gulu la ma hacker a ku Russia, kuti inkabisa DarkCrystal RAT (pulogalamu yolamulira kompyuta yanu ali kutali) mu ma KMS activator ofalitsidwa ku Ukraine.

Mayi_Firewall: Ya akauntanti, zulani chingwe cha netiweki pompano. Koperani ma document okha, osati .exe, ma script kapena profile ya Chrome. Format ndi USB ya Media Creation Tool yopangidwa pa kompyuta yoyera. Musanagule ma key, yesani (Get-CimInstance SoftwareLicensingService).OA3xOriginalProductKey. Ma HP ndi Dell ambiri akaunjika ali ndi key mu firmware. Chenjerani, ikakhala ya Home siitsegula Pro. Pa enawo slmgr /upk ndi /ckms zimachotsa key ndi adiresi ya KMS, koma pulogalamu yakubayo siziikhudza. Ine onse 6 ndikanawaformata, imodziimodzi madzulo.

Layisensi_Nzodula: Format makompyuta 6 chifukwa cha false positive? Office muwagulira ndinu?

Madala_Server: LibreOffice ilipo, bola ma Excel a payroll asakhale a ma macro. Komanso Windows 10 support yake inatha pa 14 Okutobala 2025. Makina amenewo ali ndi TPM 2.0, chip cha chitetezo chomwe Windows 11 imafuna? Processor ndi ya generation yanji?